Mwana Wobadwa Matumbo Ali M'chifuwa, ndi Chigamulo pa Mzamba Wamkulu

KOMITI YOWUNIKA IMFA ZA MAKANDA
Zolembedwa za msonkhano wa pamwezi

Tsiku: Lachinayi, pa 13 Malichi
Malo: Chipinda cha misonkhano, kuseri kwa nyumba yosungira mankhwala

Opezeka
Mkulu wa madokotala, Wapampando
Mkulu wa anamwino
Woyendetsa chipatala
Dokotala wa ana, wochokera kuchipatala chachikulu (anachoka msonkhano usanathe)
Wojambula sikani ndi ekisireyi
Ahedi, mphunzitsi wopuma ntchito, woimira anthu a m'dera
Mlembi (alibe voti)

Oitanidwa
Mzamba wamkulu wa ku leba, chipinda chochiliramo amayi
Bambo wa mwana womwalirayo

Osapezeka
Abusa a pachipatala (anapepesa, ali kumaliro)
Mkulu wa za mankhwala (sanapepese, ndipo sikoyamba)

1. Kutsegula msonkhano

1.1 Msonkhano unayamba mochedwa chifukwa kiyi wa chipinda anali m'thumba la Woyendetsa chipatala, ndipo Woyendetsa chipatala anali kunja kwa mpanda. Popeza Abusa kunalibe, Ahedi anapemphera.

1.2 Wapampando anati nkhani yaikulu ya tsikuli ndi imfa ya mwana wamwamuna amene anabadwira ku leba sabata ziwiri zapitazo n'kumwalira tsiku lomwelo. Anati banja la mwanayo linadandaula ku ofesi kuti Mzamba wamkulu ndiye anamupha pomupumitsa, ndipo komiti igamula ngati Mzambayo apitirize kugwira ntchito ku leba kapena achotsedweko. Anakumbutsanso mamembala kuti komiti ino siloza munthu chala. Chiganizo chimenechi chimanenedwa mwezi uliwonse, ndipo mwezi uliwonse chimalembedwa.

2. Zolembedwa za msonkhano wapitawo

2.1 Woyendetsa chipatala anadandaula kuti zolemba za Mlembi ndi zazitali ndipo zili ndi mano. Anapempha kuti muzilembedwa zokhazo zimene anthu anena. Mlembi anayankha kuti ndizo zinalembedwa. Zolembedwazo zinavomerezedwa popanda kusintha.

3. Zotsalira za mwezi watha

3.1 Makina a ekisireyi okankha, amene amafika pabedi la wodwala, adakali owonongeka. Woyendetsa chipatala anati okonza akubwera.

3.2 Timapaipi tating'ono tolowetsa m'kholingo mwa makanda sitinafike. Woyendetsa chipatala anati tikubwera.

4. Imfa ya mwana

4.1 Mkulu wa anamwino anafotokoza kuti mayi wa mwanayu inali mimba yake yoyamba. Anayenda sikelo osaphonya, anajambulidwa sikani kamodzi, ndipo anachira m'mawa popanda chovuta. Mwana anali wokhwima, wolemera bwino. Sanalire. Ankangotsegula kukamwa ngati nsomba yovuulidwa, milomo ikuda. Mzamba wamkulu anamupukuta, anamuchotsa zotseka m'mphuno, anamuphimba mphuno ndi pakamwa ndi masiki, n'kuyamba kufinya chibaluni chopumitsira makanda, monga mmene chithunzi cha malangizo chopachikidwa pakhoma la leba chimanenera. Mwana sanasinthe. Masana ananyamulidwa m'manja kupita ku ekisireyi, chifukwa cha zimene zalembedwa pa 3.1, ndipo chithunzi chinaonetsa matumbo ali m'chifuwa. Anamwalira ambulansi ikuikidwa okosijeni.

4.2 Mzamba wamkulu analowetsedwa. Anakana mpando. Wapampando anamupempha kuti afotokoze mwachidule, ndipo mawu ake alembedwa monga anawanenera:

"Bwana Wapampando, ine ndinaona kuti chifuwa chikukwera mbali imodzi, ya kumanja. Ndinati mwina mpweya ukuthawira m'mbali mwa masiki. Ndinakonza mutu, ndinakanikiza masiki, ndinafinya mwamphamvu. Ndi zimene ndimawaphunzitsa atsikana anga: chifuwa chikapanda kukwera, konza mutu, gwira bwino, wonjezera mphamvu. Ndiye mwana akuipiraipira, ine ndikuwonjezera. Mimba yake ndinaiona, inali yophwa, yolowa m'kati ngati mbale. Ndinati ndi kamwana kopanda mimba basi, kadya kadzakula. Maso anga anali pachifuwa, chifukwa ndi pamene timauzana kuti tiziyang'ana."

Ahedi anafunsa kuti n'chifukwa chiyani sanaitane dokotala. Mzamba wamkulu anati anatuma namwino kawiri. Dokotala wa tsiku limenelo anali pakati pa opaleshoni ya mayi wina, ndipo atamaliza anali ndi wachiwiri akudikira. Anadutsa ku leba, anaima pakhomo manja ali m'magolovesi, anayang'ana, n'kunena kuti "pitirizani". Ahedi anafunsa kuti dokotalayo anali ndani. Wapampando anati anali iye mwini, ndipo mawu akuti "pitirizani" ankatanthauza kuti apitirize motsata malangizo. Ahedi anafunsa ngati n'koyenera kuti Wapampando akhalebe pampando pa mfundo imeneyi. Palibe anavomereza ganizolo, choncho linafera pomwepo.

Woyendetsa chipatala anafunsa Mzamba wamkulu ngati akuvomera kuti analakwitsa. Iye anayankha kuti: "Ndikuvomera kuti ndinafinya. Ndikuvomera kuti mwana anafa. Zapakatizo mundiuze inu, bwana, ndi zimene ndabwerera." Anafunsidwanso ngati matendawa anali atawamvapo. Anati anawawerenga kusukulu tsitsi lake lisanachite imvi, koma m'manja mwake anali asanafikemo.

Mzamba wamkulu anauzidwa kuti akadikire panja. Panja pali benchi limodzi, ndipo bambo wa mwanayo anali atakhalapo kale. Palibe anaganizira zimenezi pokonza msonkhano.

4.3 Dokotala wa ana anaimika chithunzi cha ekisireyi pawindo n'kufunsa ngati alipo akukumbukira matendawa. Woyendetsa chipatala anati afunse Mlembi, popeza naye anakafikako kuyunivesite kukaphunzira udokotala. Ena anaseka. Mlembi anayankha kuti iye anachoka asanafike pa tsamba limenelo, koma akuona kuti amene anamaliza buku lonse nawonso ali chete.

Dokotala wa ana anafotokoza motere. Pakati pa chifuwa ndi mimba pali mnofu wopyapyala, wonga denga, umene umalekanitsa mapapo ndi matumbo. Mnofuwu umatsekeka mwana ali kamwana m'mimba, miyezi iwiri yoyambirira, nthawi imene amayi ambiri amakhala asanatsimikize n'komwe kuti aima. Mwa ana ena, mwina mmodzi pa ana zikwi zitatu, umatsala ndi bowo, kawirikawiri kumanzere. Matumbo, chifu, nthawi zina ngakhale chiwindi, zimakwera kudzera pabowolo n'kukakhala m'chifuwa. Zimakankhira mtima kumanja ndipo zimalanda malo a mapapo, moti mapapowo amakula mopinimbira. Mwana ali m'mimba savutika, chifukwa amapumira mwa mayi ake. Vuto limayamba mchombo ukangodulidwa.

Anati zizindikiro zilipo kwa amene akuzifuna: mimba yophwa, chifuwa chotukumuka, mtima womveka kumanja, mpweya wosamveka kumanzere, ndipo nthawi zina kulira kwa matumbo kumamveka m'chifuwa momwemo. Anati chibaluni cha masiki chimaponya mpweya pakhosi osasankha njira. Wina umapita kumapapo, wina umatsikira m'chifu ndi m'matumbo. Kwa mwana wamba zimenezi si nkhani. Kwa mwana uyu, matumbo anali m'chifuwa, ndiye kufinya kulikonse kunkawatupitsa, ndipo iwo ankapanikiza timapapo tochepa kale tija. Anati pa matenda onse a makanda osapuma, awa ndi amodzi mwa ochepa kwambiri amene dzanja lodziwa ntchito limawonjezera vuto, ndipo dzanjalo likalimbikira vutolo limakulirakulira.

Ahedi anafunsa kuti nanga choyenera chinali chiyani. Dokotala wa ana anati mwana wotere amalowetsedwa kapaipi m'kholingo nthawi yomweyo kuti mpweya uzipita kumapapo okha, amaikidwa kapaipi kena kofika m'chifu kotulutsa mpweya, amaikidwa diripi, ndipo amapumitsidwa pang'onopang'ono ndi makina mpaka atakhazikika. Opaleshoni yobweza matumbo ndi kutseka bowo imachitika patapita masiku, osati tsiku lomwelo. Ahedi anafunsa ngati timapaipi ta m'kholingo ndi timene tatchulidwa pa 3.2. Anayankhidwa kuti ndi tomweto. Anafunsa ngati chipatala chino chili ndi makina opumira makanda. Anayankhidwa kuti chilibe. Ahedi anati ndiye Mzambayo akanachita chiyani ngakhale akanadziwa. Dokotala wa ana anati akanasiya masiki, n'kuika kapaipi ka m'chifu ndi okosijeni wa m'mphuno, n'kuitana ambulansi m'mawa momwemo. Anati zimenezo zikanagula nthawi. Ngati zikanagula moyo, iye sangalumbire, chifukwa papo la kumanzere pachithunzipo linali laling'ono kwambiri, ndipo ngakhale m'zipatala zokhala ndi zonse ana otere ambiri ndithu amafa.

4.4 Wapampando anafunsa Wojambula chifukwa chake sikani sinaone vutoli mayi ali woyembekezera. Wojambula anati m'mawa uliwonse wa sikelo amayi amadzaza khonde mpaka pamasitepe, ndipo iye anauzidwa kuyang'ana zinthu zinayi: ngati mtima ukugunda, ngati mwana ndi mmodzi, kukula kwa mutu, ndi pamene nsengwa yagona. Anati m'chifuwa mwa mwana sayang'anamo chifukwa palibe anamuphunzitsa, ndipo akati azichedwa pa mayi aliyense, omaliza pamzere adzachirira pakhondepo. Dokotala wa ana anati pa sikani ya miyezi isanu chifu chimaoneka ngati kampira kakuda, ndipo chikaoneka pambali pa mtima m'malo mwa kunsi kwake, mayiyo ayenera kukachilira kuchipatala chachikulu. Wojambula anafunsa ngati funso la Wapampando likutanthauza kuti nayenso akakhale pabenchi. Wapampando anati ayi.

4.5 Bambo wa mwana analowetsedwa. Ndi telala. Anavula chipewa n'kuchipinda m'manja, ndipo anakhala pamphepete pa mpando. Ahedi anapempha kuti mawu ake alembedwe onse.

"Mabwana, ine ku leba sindinaloweko, amuna salowa. Analowa apongozi anga, mayi a mkazi wanga, anali kuseri kwa katani. Akuti mwana anabadwa akuphethira, akutakataka. Akuti amayi aja anamufinya, anamufinya, mpaka chifuwa chinatupa. Ife tinangopatsidwa mtembo, n'kutiuza kuti anabadwa wotopa. Wotopa analima kuti? Ine sukulu sindinapite nayo patali, musandizungulire. Anamupha kapena sanamuphe?"

Woyendetsa chipatala anayamba kuyankha kuti nkhaniyi idakali kufufuzidwa ndipo banja lidzadziwitsidwa nthawi yake. Dokotala wa ana anamudula mawu. Anaitanira bamboyo pawindo, anamuonetsa nthiti, mtima ndi matumbo, n'kumufotokozera zonse zalembedwa pa 4.3 m'mawu osavuta. Anamuuza kuti apongozi ake anaona zoona: kufinyako kunatupitsa chifuwa ndipo kunafulumizitsa imfa. Anamuuzanso kuti kufinyako sikunabweretse matendawo, ndipo mzamba aliyense wophunzira bwino akanayamba chimodzimodzi. Woyendetsa chipatala anapempha kuti chiganizo choyambacho chisalembedwe. Chinanenedwa, choncho chalembedwa.

Bamboyo anayang'ana chithunzi nthawi yaitali, kenaka anafunsa kuti: "Ndiye kabowoko n'kosokeka?" Dokotala wa ana anati n'kosokeka, ndipo bowo likakhala lalikulu amaikapo chigamba. Bamboyo anati: "Chigamba." Anabwereza kachiwiri. Anati iye amaika zigamba kuyambira m'mawa mpaka madzulo, pa mathalauza a anthu osawadziwa. Dokotala wa ana anati chimene chimapha ana otere si bowolo ayi, ndi mapapo amene sanakule, ndipo mapapo alibe chigamba.

Bamboyo anafunsanso chinthu china. Anati mkazi wake amamuthandiza kushopu, ndipo anapalasa makina osokera mpaka mwezi womaliza. Alongo a bamboyo akuti kupalasako ndiko kunakankhira matumbo a mwana m'mwamba, ndipo chiikireni maliro salankhula ndi mlamu wawoyo. Dokotala wa ana anati zimenezo n'zabodza, bowolo linalipo mayiyo asanadziwe kuti ali ndi pakati, ndipo palibe chimene anadya, ananyamula kapena anapalasa chimene chinalibweretsa. Bamboyo anati: "A dokotala, tanenaninso pang'onopang'ono, ndikanene kunyumba momwemo. Alongo anga ndi ovuta, ndikaphonya liwu limodzi andigwira." Dokotala wa ana anabwereza.

Ahedi anafunsa bamboyo ngati akufunabe kuti Mzamba wamkulu achotsedwe. Anayankha kuti: "Ndakhala nawo benchi limodzi panjapo. Anandipatsa moni, ine sindinayankhe. Zantchito yawo ndi zanu, mabwana, ine si wolemba anthu ntchito. Koma mkazi wanga akadzaimanso, manja amenewo asadzamugwire. Sindikuti ndi oipa. Ndikuti sindingathe." Anathokoza n'kutuluka.

5. Malangizo a Dokotala wa ana

5.1 Dokotala wa ana anati lamulo la pakhoma lisachotsedwe. Mwa makanda obadwa osalira, pafupifupi onse amafuna chibaluni, ndipo amachifuna msanga. Chofunika ndi kuwonjezera mzere umodzi: mwana akapanda kusintha, mzamba ayang'ane mimba, amvere mbali imene mtima uli, asanawonjezere mphamvu. Akapeza mimba yophwa ndi mtima wa kumanja, asiye masiki, aike kapaipi ka m'chifu ndi okosijeni, aitane dokotala ndi ambulansi. Analangizanso kuti Wojambula akaphunzire sabata imodzi kuchipatala chachikulu, ndi kuti timapaipi ta m'kholingo tileke kubwera, tifike.

5.2 Pa za Mzamba wamkulu, anati kumuchotsa ku leba kungakhale kulakwa. Anati: "Mukamuchotsa, atsikana a ku leba aphunzira chinthu chimodzi chokha, kuti chibaluni chimathetsa ntchito. Ndiye mwezi wa mawa patebulo pano sipakhala imfa ya mwana mmodzi yekha, zikhala zambiri."

5.3 Dalaivala wa galimoto ya chipatala chachikulu anali ataimba hutala kawiri. Dokotala wa ana anati ayenera kunyamuka chifukwa ali ndi ana akumudikira kumeneko. Mkulu wa anamwino anapempha kuti komiti iponye voti iye asanachoke. Wapampando anati voti ndi mfundo 6, ndipo zokambirana za mfundo 6 zinali zisanayambe. Anati dongosolo liyenera kulemekezedwa. Dokotala wa ana anachoka.

6. Chigamulo pa Mzamba wamkulu

6.1 Woyendetsa chipatala anati iye sakutsutsa za matumbo, koma ndi iye amene amakumana ndi anthu pageti. Anati kumsika akuti ku leba kwathu amafinya ana, ndipo amayi ena ayamba kunena kuti bola kuchilira kunyumba. Anati chipatala chiyenera kuoneka kuti chamva. Anapereka ganizo lakuti Mzamba wamkulu asunthidwe kupita kuchipinda chotsukira ndi kuwiritsa zida. Anatsindika kuti ichi si chilango, ndi kupumitsa munthu, ndipo malipiro ake sakhudzidwa.

6.2 Mkulu wa anamwino anati chikakhala kuti si chilango, a Woyendetsa chipatala apite iwo akapumeko kotsukira zida. Wapampando anapempha kuti mamembala azilemekezana. Mkulu wa anamwino anapitiriza kuti ku leba mantha alowa kale. Anati Lolemba lapitali kunabadwa mwana wosalira, ndipo anamwino awiri achitsikana anaima chibaluni chili m'manja, wina akuti yamba iwe, winayo akuti ayi yamba iwe. Mmodzi anathamanga kukaitana Mzamba wamkulu kumene amamwa tiyi. Iye anafika, anafinya, mwana analira, ndipo pano ali kwawo akuyamwa. Anafunsa kuti Lolemba lotsatira atsikanawo adzathamangira kuti. Anati Mzambayu ndiye anaphunzitsa azamba onse a pano kupumitsa makanda, ndipo ana ena amene anawadzutsa tsopano akubweretsa akazi awo ku leba komweko.

6.3 Ahedi anati mtima wawo ukuvutika. Anati amva zonse ndipo akukhulupirira Dokotala wa ana, koma iwo anatumidwa ndi anthu, ndipo anthuwo amawaimitsa pamsewu. Anati sangayende khomo ndi khomo atanyamula chithunzi cha ekisireyi. "Ndikawauza kuti palibe wolakwa, adzati Ahedi adya tiyi wa kuchipatala. Anthu akufuna aone kuti wina wasuntha." Mkulu wa anamwino anati ngati akufuna wosuntha, pali makina a ekisireyi amene sanasunthe chiyambireni chaka. Palibe anaseka.

6.4 Wojambula anati iye sadziwa zolankhula zambiri. Anati vutolo linadutsa kaye pamakina ake lisanafike m'manja mwa Mzamba, ndipo sangakweze dzanja kuchotsa munthu pa chinthu chimene iye anachiphonya choyamba.

6.5 Ahedi anafunsa Wapampando maganizo ake ngati dokotala. Wapampando anati wapampando sakhala ndi maganizo, amangotsogolera.

6.6 Voti inaponyedwa pokweza manja. Ofuna kuti Mzamba wamkulu asunthidwe: Woyendetsa chipatala ndi Ahedi. Okana: Mkulu wa anamwino ndi Wojambula. Mavoti atafanana, Wapampando anaponya yake. Anati pofuna mtendere wa chipatala ndi wa Mzambayo mwini, akugwirizana ndi kusuntha. Mkulu wa anamwino anapempha kuti zilembedwe kuti Dokotala wa ana akanakhalapo, voti ya Wapampando sikanafunika. Zalembedwa.

CHIGAMULO: Mzamba wamkulu achoke ku leba kuyambira mawa, akagwire ntchito kotsukira zida, kufikira komiti idzaonenso nkhaniyi.

6.7 Komiti inavomereza malangizo a pa 5.1 ndipo inagamula kuti azamba onse aphunzitsidwenso. Ahedi anafunsa kuti wophunzitsa akhala ndani. Mkulu wa anamwino anati pachipatala pano ali ndi chilolezo chophunzitsa kupumitsa makanda ndi munthu mmodzi, ndipo komiti yangomutumiza kotsuka zida. Woyendetsa chipatala anati sakuona vuto, popeza maphunzirowo amachitikira pa chidole.

CHIGAMULO: Mzamba wamkulu aphunzitse azamba onse, pogwiritsa ntchito chidole. Makanda amoyo asawagwire.

7. Zina ndi zina

7.1 Woyendetsa chipatala anadandaula kuti mamembala amasiya makapu a tiyi m'chipinda cha misonkhano ndipo nyerere zalowa m'kabati. Anagwirizana kuti aliyense azibweza kapu yake.

7.2 Wapampando atafunsa ngati pali zina, Mkulu wa anamwino anakumbutsa komiti kuti Mzamba wamkulu adakali pabenchi ndipo sanauzidwe kanthu. Analowetsedwa. Wapampando anamuwerengera zigamulo zonse ziwiri, n'kumuuza kuti si chilango. Iye anamvetsera ataima. Anamasula makiyi a kabati ya ku leba pa lamba wake n'kuwapereka kwa Mkulu wa anamwino, n'kumuuza kuti chibaluni chaching'ono chili ndi mng'alu pafupi ndi khosi lake, atsikana azitenga chachikulu koma azifinya ndi zala zitatu.

Wapampando anamufunsa ngati ali ndi mawu. Anati zida azitsuka, si ntchito yochititsa manyazi, ndipo chidole achiphunzitsira. Kenaka anati:

"Koma mundithandize chinthu chimodzi, bwana, ndisakawanamize atsikana. Iwo adziwa kale chimene ndachokera. Ndikaimirira kutsogolo kwawo ndi chidolecho andifunsa, ndipo ine ndikufuna ndikawauze kuti komiti yatero. Mwana akabadwa mawa osalira, afinye kapena asafinye?"

Mkulu wa anamwino anati yankho lili pa 5.1 ndipo Dokotala wa ana analinena momveka: afinye. Woyendetsa chipatala anati amenewo anali malangizo a mlendo, ndipo komiti ikalemba ndi dzanja lake kuti "afinye" tsiku lomwe yasuntha munthu chifukwa chofinya, anthu adzafunsa mafunso. Mkulu wa anamwino anati komiti yavomereza kale malangizowo pa 6.7. Woyendetsa chipatala anati inavomereza kuti aphunzitsidwe, osati kuti alengezedwe. Mzamba wamkulu anati iye akufunsa Wapampando, amene ndi dokotala, ndipo liwu limodzi likwanira.

Wapampando anati funsoli ndi lofunika kwambiri, ndipo chifukwa cha kufunika kwakeko silingayankhidwe mothamanga pa zina ndi zina. Analamula kuti liikidwe pa dongosolo la msonkhano wotsatira.

Mzamba wamkulu anati: "Zikomo, bwana." Anatuluka. Mkulu wa anamwino anatuluka pambuyo pake osapempha chilolezo, akuti ku leba kwatsala atsikana awiri aja ndipo pali amayi atatu amene matenda awayamba.

8. Msonkhano wotsatira

Lachinayi, pa 10 Epulo, m'chipinda chomwechi. Funso la Mzamba wamkulu likhala mfundo 4, pambuyo pa zotsalira. Ku leba sikutsekedwa podikira tsikulo.

9. Kutseka

Ahedi anapemphedwa kuti atseke ndi pemphero. Anapepesa kuti sangathe. Wapampando anatseka msonkhano nthawi ili 4 koloko madzulo.

Wapampando: ______________________

Mlembi: ______________________